Mwana amene ndikulera waboola chitseko, akuti ndikamunenere kupolisi

Nachisale_Midlands

Moni abale ndi alongo. Ndakhala ndikungowerenga za anzanga pano osalembapo kanthu, koma lero zandifika pakhosi.

Kwathu ndi ku Ntcheu, koma ndili ku England chaka cha 19 tsopano, chigawo cha Midlands. Ana anga awiri anakula n'kuchoka, nyumba inangoti zii. Ndiye zaka zinayi zapitazo ndinalembetsa ntchito yolera ana a boma, kuno amati foster carer. Kwa inu muli kumudzi ndifotokoze pang'ono. Khonsolo ikaona kuti mwana akuzunzika kwawo, kaya makolo ndi zidakwa, kaya akumenyedwa, kaya mayi ake mutu sukuyenda bwino, imamutenga n'kukamuika m'manja mwa munthu ngati ine. Ndimalandira kangachepe sabata iliyonse, koma mwanayo si wanga, mwini wake ndi khonsolo. Chilichonse chochitika m'nyumba muno, ngakhale kukana kudya kumene, ndimalemba m'buku tsiku ndi tsiku.

Amene ndili naye pano ndi mnyamata wachizungu wa zaka 14. Dzina ndisatchule. Anabwera mu February, katundu wake yense ali m'majumbo atatu akuda otayira zinyalala. Nyumba yanga ndi yachisanu ndi chiwiri chichokereni kwa mayi ake ali ndi zaka 8. Si mwana woipa ayi. Nsima amadya, ndi manja ndithu, ndipo amati nyemba zanga zimaposa za m'chitini. Therere lokha ndi lomwe analikana kwamtuwagalu. Amakonda kukonza njinga, yanga yakale anaidzutsa ndi iyeyo. Koma akapsa mtima saona kutsogolo.

Loweruka lapitali amayenera kukaonana ndi mayi ake kumalo amene khonsolo imakonza. Anasamba, anadzola pafyumu amene ndinamugulira pa tsiku lake lobadwa, tinadikira mphindi 45, mayi osabwera. Kachitatu kotsatizana. M'galimoto pobwerera sanatsegule pakamwa. Itakwana 10 koloko usiku ndinamupempha foni, poti ndi lamulo lomwe a social worker, ofisala wa khonsolo woyang'anira mwanayu, analemba pa dongosolo la kasamalidwe kake, ndipo ine ndi mutu wangawu sindinaganize kuti tsiku limenelo ndikanangomusiya. Anamenya chitseko cha kuchipinda kwake ndi mwendo mpaka chinabooka, anagenda TV ndi rimoti galasi n'kung'aluka, anatenga £40 m'chikwama changa, uyo watuluka. Ine sanandikhudze, ngakhale ndi chala.

Mwana wa boma akasowa usiku umayenera kuimba foni, ndiye ndinaimba. Anabwera yekha cha m'ma 4 koloko m'bandakucha atanyowa ndi mvula, anaika £25 patebulo osanena kanthu, n'kukagona. M'mawa kunabwera apolisi awiri kudzaona ngati ali bwino. Anaona chitseko chija, anandifunsa ngati ndikufuna kudandaula. Ndinati ndiganize kaye.

Lolemba ndaimbira a inshulansi, akuti TV ndi chitseko sangalipire popanda nambala ya mlandu yochokera kupolisi. Mayi amene amandiyang'anira ku bungwe lomwe ndinalembetsako nawonso akuti ndikanene, ati mwana adziwe kuti ukaswa chinthu umalipira.

Tsono chikundisowetsa tulo ndi ichi. Mwana wanga wobereka ndekha, ali ndi zaka 15, anaswa zenera la kukhitchini titakangana pa nkhani ya chibwenzi, ndipo m'chikwama changa ankatapamo osati kamodzi. Za apolisi sizinandidutse n'komwe m'mutu. Ndinaitana malume ake ku Luton, anamukhazika pansi, ndalama ya zenera anabweza potsuka galimoto za anthu a kutchalitchi. Lero ndi bambo wa ana awiri, ntchito yabwino. Nanga uyu chitseko chake chikhale mlandu chifukwa chiyani?

Koma ndikuopanso. Ndikakana, sadzati ndikubisa zinthu n'kundilanda chilolezo? Amene mukudziwa za kuno, ndithandizeni. Ndikakanena, chimamuchitikira n'chiyani kwenikweni?

Mbewe_wa_usiku

Achemwali, pepani ndi zimene mwakumana nazo. Ine ndagwira ntchito zaka 11 m'nyumba zosungira ana kumpoto kwa England, makamaka shifiti ya usiku. Nkhani yanuyi ndaionapo kambiri, ndipo kamodzi wolakwitsa ndinali ine ndemwe.

Musasakanize zinthu ziwiri. Kulemba m'buku ndi kuuza social worker ndi udindo wanu, ndipo lembani zonse, osasiya £25 imene anabweza ndi mayi amene sanabwere kachitatu. Kukadandaula kupolisi ndi nkhani ina. Ine sindinaonepo munthu atalandidwa chilolezo chifukwa choti walemba zonse koma wasankha kukonzera nkhani ya chitseko pakhomo. Mu November 2018 boma linatulutsa ndondomeko ya dziko lonse, yochokera ku unduna wa maphunziro, unduna wa za m'dziko (Home Office) ndi unduna wa zachilungamo, yonena kuti ana a boma asamapatsidwe milandu pa zinthu zimene kholo lililonse likanathana nazo kunyumba. Funso limene ndondomekoyo imatiuza kuti tizidzifunsa ndi lomwe mwadzifunsa kale inu: akanakhala mwana wanga, ndikanalola zimenezi? Mayi a ku bungwewo afunseni ngati anaiwerengapo.

Mwafunsa chimene chimachitika. Ku England mwana amayamba kuimbidwa mlandu ali ndi zaka 10, ku Scotland anakweza kufika 12. Wanuyo adzaitanidwa kukafunsidwa, ndipo akamangidwa amamujambula n'kumudinda zala. Poti ndi koyamba, mwina zidzathera pa kupepesa kolembedwa kapena chenjezo limene amati youth caution. Zikumveka zazing'ono, eti? Vuto limabwera ulendo wachiwiri. Dzina lili kale mu kompyuta, wapolisi akaliona sayambanso ndi kupepesetsana. Kachitatu ndi kukhothi la ana, kumene amamupatsa referral order: azikaonekera kwa a Youth Offending Team, gulu loyang'anira ana olakwira lamulo, tsiku lakuti nthawi yakuti. Zikapitirira amamuveka kachipangizo pamwendo kuti asatuluke usiku. Tsono taganizani mwana amene akusamutsidwa nyumba miyezi itatu iliyonse, makalata akupita ku adiresi yakale, social worker wasintha kawiri. Amaphonya masiku, kuphonyako kumamubweza kukhothi, ndipo majisitireti amaona fayilo yonenepa ya mwana wosamva. Ambiri amene ndawaona akulowa m'ndende sanalowe ndi mlandu umodzi waukulu. Zinali timilandu tounjikana, ndipo theka lake tinachitikira m'khitchini ndi m'khonde la nyumba imene imati ikumusamala.

Pali chinanso chimene anthu saganizira. Amene wadandaula saloledwa kukhala pambali pa mwana pofunsidwa kupolisi, chifukwa ndi mboni. Lamulo limafuna kuti pakhale munthu wamkulu womuyang'anira, amati appropriate adult, ndiye ngati odandaula muli inu, amakamutengera mlendo amene sanamuonepo. Munthu mmodzi yekha amene amadziwa kuti Loweruka lija anadzola pafyumu adzakhala mbali inayo ya tebulo.

Ndikuuzeni za mwana wina amene ndinkamusamalira kuntchito. Anali wa zaka 13, anamutenga kum'mwera n'kudzamuponya kwathu kuno, ulendo wa maola anayi pa galimoto, chifukwa kwawo kunalibe malo. Usiku wina anaponya kapu ya tiyi kukhoma, chibenthu chinacheka mnzanga padzanja, kabala koti pulasitala imodzi yakwana. Bwana ankafuna nambala ya mlandu yoika m'lipoti, ndipo amene anaimba foni ndine. Anamulemba milandu iwiri, kuwononga katundu ndi kuvulaza munthu. Pa chaka ndi theka chotsatira anadutsa nyumba zinayi, sukulu anachotsedwa, anangotsala ndi mphunzitsi wobwera maola awiri patsiku. Maola otsalawo anawadzaza ndi anthu ena.

Achemwali, anyamata ogulitsa mankhwala osokoneza bongo amadziwa nyumba iliyonse yosungira ana m'tauni, kuposa mmene khonsolo imazidziwira. Amaimika galimoto pakona, amayamba ndi chipisi ndi nkhuku, kenako nsapato, kenako foni. Ndi zimene mumamva pa nkhani kuti county lines: mwana amakwezedwa sitima kukagulitsa katundu m'matauni ang'onoang'ono akutali, ndipo amasankha ana a boma dala, podziwa kuti akasowa masiku awiri aliyense amangoti wathawanso. Nthawi zina amamutumira anzawo omwe kuti amulande katunduyo, n'kumuuza kuti tsopano ali ndi ngongole. Wanga uja anamupeza m'fulati ina m'tauni ya m'mphepete mwa nyanja ali ndi timapaketi ndi mpeni. Lamulo la Modern Slavery Act la 2015 limalola kuti mwana wotere aonedwe ngati wogwiritsidwa ntchito osati chigawenga, koma fayilo yake inali itayankhula kale. Ali ndi zaka 16 anali ku ndende ya achinyamata ya Wetherby. Ndinapitako kamodzi. Sanandikalipire. Anangondifunsa ngati nsapato zake za mpira zikadali m'kabati ya pansi pa masitepe.

Musaone ngati ndi mwana mmodzi. Lord Laming atafufuza nkhaniyi mu 2016 anapeza kuti pafupifupi theka la ana amene ali m'ndende za achinyamata anadutsapo m'manja mwa boma, chonsecho ana a boma sakwana ngakhale mmodzi pa 100 alionse. Ofesi ya boma yowerengera, ONS, inatulutsa mu 2022 kuti mwa ana amene inawatsata, 52 pa 100 alionse oleredwa ndi boma anali atapezekapo olakwa kukhothi pofika zaka 24, pamene mwa anzawo okulira kwawo anali 13 okha. Ena amati n'chifukwa choti anawa amabwera atavulala kale mumtima. Zoona, sindikutsutsa. Koma kapu ija sinachite kulemba yokha mlandu.

Pemphani msonkhano ndi social worker wake pamodzi ndi ofisala amene amaunika dongosolo lake. Za TV funsani bungwe lanu, mabungwe ndi makhonsolo ambiri ali ndi njira yolipirira zowonongeka popanda kudzera kupolisi. Ndipo tsiku lina akadzapezeka kupolisi pa chifukwa china chilichonse, loya ndi waulere, asadzavomere caution loya asanafike. Kulandira caution ndi kuvomera mlandu.

Che_Jafali_Leicester

A Mbewe alemba bwino, koma ine ndiyankhule mbali inayo poti wina ayenera kuinena. Mayi Nachisale mumakhala nokha m'nyumbamo. Mwana wa zaka 14 wa kuno ndi chimphona, ena amatiposa ife msinkhu. Lero ndi chitseko, mawa ndani? Mlamu wanga ankalera mtsikana wa zaka 15, anabisa kawiri pomumvera chisoni, kachitatu anathyoledwa chala, ndipo atanena anamufunsa kuti bwanji zoyambazo sunatiuze. Chisoni chinapha nkhwali.

Komanso musayerekeze ndi mwana wanu. Wanu anali ndi malume ku Luton, anali ndi tchalitchi, ankadziwa kuti akapitirira nkhani ifika kwa agogo ake ku Ntcheu. Uyu muli ndi chiyani chomugwirira? Kumenya simungamenye, kumumana ndalama ya m'thumba pali malamulo ake, ngakhale kumutsekera chitseko n'kosaloledwa. Anawa malamulo amawadziwa kuposa maloya. Akaona kuti waba £40 palibe chachitika, mwamuphunzitsa chiyani?

Sindikunena kuti akamangidwe. Koma wapolisi wovala yunifolomu atabwera kudzamuyankhula mwamphamvu, mwina angadzidzimuke nthawi ikadalipo.

Tadala_95

Anti Nachisale, ndikhululukireni ngati Chichewa changa chikutsimphina, ndinachoka ku Malawi ndili ndi zaka 9. Ine ndine mmodzi wa ana amene mukukambawa.

Mayi anga atamwalira, msuweni wawo ananditenga kubwera nane kuno mu 2004, ati ndidzaphunzire. Ndinasanduka wantchito wa m'nyumba. Ndinene pano chifukwa anthu akwathu amachita zimenezi osadziwa: ukasunga mwana wosakwana zaka 16 kwa masiku 28 kapena kuposera, iwe usali kholo lake kapena m'bale wapafupi monga agogo, malume, azakhali kapena mkulu wake, umayenera kuuza khonsolo. Anayamba kulimbikira zimenezi Victoria Climbié, mwana wa ku Ivory Coast, ataphedwa ku London mu 2000 ndi m'bale amene anamutenga. Ine palibe anauza khonsolo. Anazindikira ndi aphunzitsi, poona kuti ndikugona m'kalasi tsiku lililonse, ndipo ndili ndi zaka 13 ndinalowa m'manja mwa boma.

A Jafali, wapolisi wa yunifolomu amene mukunenayo kwa ine anabwera. Sindinadzidzimuke. Ndinangodziwa kuti nyumba iyinso yatha. Ndinali nditawaona apolisi kambirimbiri, amabwera ukachedwa kufika, amabwera ukakagona kwa mnzako osapempha, zinthu zoti anzanga a kusukulu amangokalipiridwa ndi mayi awo basi. Pofika zaka 15 galimoto ya polisi inali ngati minibasi. Chenjezo langa loyamba linali la mbale zitatu. Mlandu wa kukhothi unabwera ndili ndi zaka 16, ndinakankha mayi wina wogwira ntchito amene anaima pakhomo kunditsekereza. Ndinalakwa, sindikukana. Koma tsiku limenelo anali atangondiuza kuti ndikusamukanso Lachisanu.

Chimene palibe anandiuza ndi choti mapepala anga anali asanakonzedwe. Zaka zonsezo ndili m'manja mwawo, palibe anaganiza zondifunsira chilolezo chokhazikika kapena unzika. Ndipo pofunsira unzika wa Britain amaona khalidwe la munthu kuyambira zaka 10. Mbale zitatu zija ndi kukankha kuja zinanditsata mpaka ku Home Office, zinandidyera zaka ndi ndalama za maloya. Mnzanga wina wa ku West Africa amene tinali naye nyumba imodzi zinamuipira koposa. Anapatsidwa chilango chokhala kundende koposa miyezi 12 ali ndi zaka 19, ndipo mlendo akalandira chilango chotere lamulo limati abwezedwe kwawo. Kwawo kumene anachokako ali ndi zaka 5. Wanuyo ndi mzungu, izi sizimukhudza, koma ndalembera ena amene akulera ana akwathu.

Pofuna ntchito yosamalira okalamba mu 2018, zonse zinatuluka pa pepala la DBS, loonetsa olemba ntchito ngati munthu anapalamulapo, ndinachita kufotokoza za mbale kwa anthu atatu ovala masuti. Kuyambira 2020 machenjezo a paubwana satulukanso okha pa pepalalo, koma milandu ya kukhothi ina imatulukabe.

Amene anandiimitsa anali mayi wina wachikulire wa ku Jamaica, nyumba yanga yomaliza. Sabata yachiwiri ndinamuswera galasi la pakabati. Anandipatsa tsache, ndinasesa, Loweruka tinapita limodzi kukagula lina, theka la ndalama anadula pa yanga. Analemba m'buku ndikuona, anandiwerengera zimene walemba, anandifunsa ngati ndili ndi chowonjezera. Ndinakhala naye mpaka zaka 18. Ndinachoka mu 2013 chifukwa ndalama inaima, n'kukakhala ku hositelo yodzaza ndi anthu otuluka kundende. Chaka chotsatira ndi pamene kunabwera lamulo la Staying Put loti mwana atha kukhalabe kwa womulera mpaka zaka 21. Ndinaliphonya ndi miyezi yochepa.

Anti, kayang'aneni kuchipinda kwake akapita kusukulu. Osati kufufuza, kungoona. Majumbo akuda aja anataya? Ine langa ndinkalipinda bwinobwino n'kulisunga pansi pa matiresi, nyumba iliyonse.

aPhiri_Zomba

Mayi Nachisale, ine za ku England sindingalowererepo, koma ndinagwira ntchito yoteteza ana kuno kwathu mpaka ndinapuma, ndiye ndawerenga zonsezi ndikugwedeza mutu.

Ife timanyadira kuti kwathu mwana wa mnzako ngwako yemwe, ana a boma kulibe. Pakamwa ndi zoona. Koma anyamata amene ndinkawaperekeza kumalo osungirako ana olakwira lamulo, ku Chilwa kuno ku Zomba ndi ku Mpemba ku Blantyre, ukawafunsa mbiri, ambiri inali imodzimodzi. Makolo anamwalira, achibale anagawana nyumba, njinga ndi mbuzi maliro asanazizire, mwana anayamba kwa azakhali, kenako kwa malume, kenako kwa agogo amene sangathe kumudyetsa. Nyumba iliyonse iye ndi womaliza kulandira mbale ndi woyamba kuganiziridwa ndalama ikasowa. Mwana wa mwini nyumba akaba nkhuku zimathera pa chikwapu. Wamasiye akaba nkhuku yomweyo amamutengera kwa a community policing. Akathawira m'tauni n'kumagona pansi pa mlatho, amakumana ndi apolisi osesa usiku. Kale ankangowalemba vakabu, mpaka Khothi Lalikulu linagamula mu 2017 pa mlandu wa Mayeso Gwanda kuti gawo lina la lamulo limenelo likutsutsana ndi malamulo aakulu a dziko. Kusesako sikunatheretu.

Lamulo lathu la 2010 losamalira, kuteteza ndi kuweruza ana ndi labwino ndithu papepala. Muli makhothi a ana, muli njira yopatutsa mwana kuti nkhani yaing'ono isafike kukhothi, muli ngakhale za kulera mwana wa wina movomerezeka. Nafenso mwana amayamba kuimbidwa mlandu pa zaka 10. Chosowa ndi mafuta a njinga yamoto yoti ofisala akaone mwanayo kumudzi. Ndinkaganiza kuti kumene kuli ndalama zinthu zimenezi kulibe. Kani inu muli ndi buku, inshulansi ndi galimoto, koma mwana wa nyumba zisanu ndi ziwiri alipobe.

A Jafali afunsa kuti malume a mwanayu ali kuti. Funso labwino. Mupezereni. Kutchalitchi kwanuko kulibe bambo wodziwa ukalipentala?

Nachisale_Midlands

Zikomo nonse, ndawerenga kangapo. Tadala mwanangu, wandiliza. Ndinakayang'ana. Ali m'kabati, kuseri kwa nsapato, onse atatu, opindidwa ngati zovala zositidwa. Sindinawagwire.

Kupolisi sindinadandaule. Msonkhano unachitika Lachinayi, ndinapita ndi ndondomeko ya 2018 ija nditaisindikiza ku laibulale, a Mbewe, ndipo mayi a ku bungwe aja atangoiona mawu anasintha. Akuti chitseko alipira iwo, TV tikambiranabe. Social worker wake, amene ndi wachitatu chaka chino, wavomera kuti tsiku lokaonana ndi mayi ake aziyamba atsimikiza kuti mayiwo afikadi mwana asananyamuke pakhomo. Chinthu chaching'ono chonchi, miyezi yonseyi palibe anachiganiza, ngakhale ine.

A Jafali, mawu anu sindinawataye. Ndinamukhazika pansi, ndinamuuza poyera kuti katundu ndi katundu, tidzakonza, koma tsiku limene adzandikweze dzanja ndidzaimba foni ndipo sindidzanama. Anayang'ana pansi, anati akudziwa. £15 yotsala akubweza £3 pa sabata.

A Phiri, kalipentala alipo, mkulu wa mpingo wa ku Zambia, ndipo ali kale ndi pepala la DBS poti amaphunzitsa Sande sukulu, apo ayi zikanatenga miyezi. Anabwera dzulo. Chitseko anapachika awiri, mnyamata ndi amene anaboola malo a mahinjesi, chikutseka mopendekera pang'ono koma chikutseka.

Tsono a Mbewe, ndibwerere kwa inu, chifukwa pali china chimene sindinachione bwino mpaka nditawerenga za mwana wanu uja. Usiku umene anasowa, anachoka ndi £40, anabweza £25, koma anandiuza kuti anadya nkhuku ndi chipisi, anakweranso takisi pobwerera kuchokera kutauni. Takisi yokhayo usiku ndi pafupifupi £20. Ndamufunsa, akuti analipira mnzake. Mnzake uti, akuti simukumudziwa, ndi wamkulu, ali ndi galimoto. Ndipo m'mawa uno pochapa ndapeza m'thumba la jekete yake chaja ya foni yaing'ono, ya mtundu wakale uja, yosalowa pa foni imene ndimamulanda 10 koloko. Ndalemba m'buku. Social worker ndamuimbira kawiri, akuti ali kukhothi ndi mwana wina mpaka mawa. Mnyamatayu akuweruka 3 koloko. Ndimufunse ndekha lero, kapena ndidikire?